Phewa la Namwino

1. Geti lopanda chikwangwani

Basi inamutsitsa mdima utagwa kale. Msewu wachilendo. Magolosale otseka. Nyale imodzi, galu mmodzi.

Mfumukazi anaima ndi chikwama m'manja. Dzinali anamupatsa ndi anzake a kusekondale, chifukwa m'sewero lililonse la pasukulu iye ndiye ankavala chisoti. Ena ankakhala adzakazi, ena alonda, ena mitengo. Iye mfumukazi basi. Tsono sukulu inatha, ndipo amayi ake anali atamupezera malo pashopu ya nsalu.

"Pita kamodzi kokha," anatero amayi m'mawa wa tsikulo. "Akakuitananso, chabwino. Akapanda kukuitana, ubwere udzayambe kuyeza nsalu. Za masewerazi tisadzazimvenso m'nyumba muno."

Malume ake anali atamupezera kambali kakang'ono ka namwino mufilimu. Mwayi unali umodzi, ndipo unali umenewu.

Anatsata mpanda wa njerwa mpaka pageti lachitsulo. Mkati jenereta inkalira. Anagogoda.

Mlonda anatsegula kachitseko. Jekete lalikulu, chipewa chofika m'maso, ndodo m'khwapa, mwendo umodzi wokoka.

"Mukufuna ndani?"

"Pepani bambo. Ndikufuna malume anga. Amasewera mufilimu. Anthu amangowatcha Bambo Uja."

"Bambo Uja? Chidakwa chija? Tachithamangitsa masana."

Basi yobwerera kunalibe. Mtsikanayo anacheukira kumsewu wamdima uja.

Mlonda uja anavula chipewa nayamba kuseka.

"Iii, malume! Mwendowo mwatani?"

"Mwendowu ndi wa mlonda, si wanga." Anauwongola, nayenda bwinobwino. "Mwana wa mlongo wanga weniweni osandizindikira. Ndiye kuti ntchito ndikuidziwabe. Lowa, wachedwa."

2. Bambo Uja

Dzina la malumewo linachokera m'misewu. Akamadutsa, anthu ankakodolana. "Si bambo uja? Uja wa pa TV?" Nkhope ankaidziwa aliyense. Dzina ayi.

Anayamba ali mnyamata, m'masewero a pawailesi, akumenya zitseko ndi kulira ngati mwana wakhanda. Kenaka makamera anabwera. Anakhalapo wapolisi, m'busa, mbava, kondakitala, dokotala, chidakwa, mphunzitsi wankhanza, bambo wokana mwana wake. Anakhalapo agogo asanamere imvi. Pa chithunzi chachikulu cha pakhoma sanakhalepo.

"Ndafa ndi mfuti, ndafa ndi poizoni, ndamira m'madzi," ankatero. "Koma m'mawa mwake foni imalira. Akufa ena sawaimbira."

Analowa m'nyumba yaikulu yomwe kale inali yosungiramo katundu. Denga lalitali, fungo la penti. Pakati pake anthu anali atamanga khonde la chipatala ndi matabwa opyapyala. Benchi, khoma lobiriwira, chitseko cholembedwa kuti Wodi ya Ana. Kuseri kwa chitsekocho kunalibe wodi. Kunali makatoni ndi ndowa.

"Ponda poyera," anatero malume. "Ukakoka waya mmodzi, tonse tikhala mumdima, ndipo udziwika msanga kuposa ine."

Mayi wa zovala anamuyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, mapini ali kukamwa.

"Uyu ndiye namwino? Yunifomu ndi ya munthu wonenepa. Tembenuka, mwanawe. Usapume kwambiri, ndingakubaye."

Mawu ake a mufilimu anali ochepa. Namwino atuluka m'wodi, apeza mayi akudikira pabenchi, anena kuti, "Mayi, khalani pansi kaye. Tayesetsa. Mwana watisiya." Basi. Wosewera mayiyo anali Madamu, mwini filimu yonse, amene nkhope yake inali pa zikwangwani za sopo m'tawuni.

3. Mbali yoyamba

Dailekitala anali bambo wamfupi, wamaso ofiira. Sanapereke moni.

"Kamera ndi imodzi," anatero. "Ndiye tijambula kawiri. Poyamba iyang'ana iwe. Tikatha, titembenuza magetsi, iyang'ane Madamu. Wamva?"

"Ndamva, bwana. Nanga Madamu ali kuti?"

"Akuwapaka nkhope. Sabwera pano mpaka nthawi yawo. Wina akuwerengera mawu awo. Tayamba!"

Mfumukazi anakankha chitseko, anatambasula manja, nakuwa monga ankachitira muholo ya sukulu.

"MAYI! KHALANI PANSI KAYE!"

Wojambula mawu anavula zomvetsera zake nagwira mutu.

"Achemwali, makutu ndili nawo awiri okhawa. Ndisiyireniko limodzi."

Anthu anaseka. Dailekitala sanaseke. Anayang'ana wotchi.

Malume anapempha pepala kwa amene ankawerenga, nalipinda, naliika m'thumba. Anakaima pambali pa kamera, pomwe sinkawaona.

"Kusukulu unkalankhulira wokhala kumbuyo kwenikweni," anamunong'oneza. "Pano lankhulira munthu mmodzi. Ineyo. Ndine mayi wa mwanayo."

"Tayamba!"

Anakankhanso chitseko. Patsogolo pake panali bambo wandevu, wa jekete la mlonda. Koma bamboyo anali atagwira m'mphepete mwa jeketelo ngati mayi wogwira nsalu yake. Milomo inkanjenjemera. Maso ankafunsa chinthu chomwe ankachidziwa kale.

"Adona, ali bwanji? Wadzuka?"

Mfumukazi anamuyang'ana m'maso. Mawu anatuluka otsika, osweka.

"Mayi, khalani pansi kaye. Tayesetsa. Mwana watisiya."

Ulendo uno palibe amene anaseka.

"Dulani," anatero dailekitala. "Chabwino. Tembenuzani magetsi."

Chabwino. Mawu amodzi okhawo. Koma mtsikanayo anatuluka panja ngati akuyenda pamtambo.

4. Wamagalasi

Panja panali kamphepo. Mnyamata wina anali atatsamira galimoto yaing'ono yofiira. Ankasewera dokotala mufilimuyo, ndipo mbali yake inali itatha. Anali atavala magalasi akuda ngakhale dzuwa linali litalowa kalekale.

"Sisi, ndakuonani. Muli ndi nkhope yokondedwa ndi kamera."

"Zikomo."

"Musaiwonongere muno. Tamverani. Kuhotela m'tawuni kuli bwana wina. Akusankha mtsikana wa sewero latsopano la pa TV. Mbali yaikulu, chaka chathunthu. Mawa akunyamuka. Ine ndikupita pompano ndi atsikana awiri. Malo amodzi alipo."

"Koma sitinamalize. Kwatsala mbali ya Madamu."

Wamagalasi anatsitsa magalasi mpaka pamphuno.

"Yanu yatha. Kamera yakutengani kale. Kwatsalako ndi phewa. Akamajambula Madamu, inu muoneka phewa lokha, mwina ndi kakhutu. Phewa ali nalo aliyense. Ngakhale mayi wa zovala atha kuvala yunifomuyo."

Mfumukazi anayang'ana phewa lake.

"Ndikufunseni," anapitiriza mnyamatayo. "Inu mukujambulidwa, Madamu anabwera kudzakuimirirani? Anali kuti? Ndiye inu muwaimirire chifukwa chiyani? Kavuleni, ndikudikira. Koma injini ikalira, yalira."

Mfumukazi anamupatsa nambala ya foni yake nathamangira m'chipinda cha zovala. Pakhomo anakumana ndi malume, kapu ya tiyi ili m'manja. Anawauza zonse mwaphuma.

Malume anamwa tiyi. Anakhala pa katoni.

"Khala apo. Sindikuletsa. Ndiwe wamkulu, ndipo miyendo ndi yako. Bwanayo mwina alikodi. Sindinena kuti mnyamatayo akunama, chifukwa sindikudziwa. Mwina ukapita akakusankha. Zimachitika.

"Koma umve kaye za ntchito imene ukufuna kuilowa. Anthu amaganiza kuti wosewera amagwira ntchito kamera ikamamuyang'ana. Imeneyo ndi theka. Theka linalo umagwira kamera itakufulatira. Mnzako akamalira, salirira khoma. Amalirira maso ako. Ukamupatsa maso akufa, nayenso amafa. Ukamupatsa munthu wowerenga pepala akuyasamula, misozi yake imabwerera. Iwe wangoona wekha. Poyamba unakuwa ngati wogulitsa malasha. Kachiwiri unalankhula ngati namwino. Chinasintha n'chiyani? Kamera ndi yomweyo.

"Ukuti Madamu sanakuimirire. N'zoona. Analakwa. Koma kulakwa kwa Madamu ndi katundu wa Madamu, usamusenze iwe. Ine ndaimirira anthu amene sanandipatseko ndi moni womwe. Ena mwa iwo anali pa zikwangwani zazikulu kuposa za Madamu. Lero ali kuti? Ine ndikadali pano, ndikumwa tiyi wa kampani.

"Ndipo udziwe ichi. Pa ntchito ino sachotsa munthu. Palibe amene adzakukalipire. Ukachoka, dailekitala angofunsa kuti namwino ali kuti, amuuze, agwedeze mutu, basi. Mawa akadzafuna mtsikana, dzina lako lidzafika pamilomo pake, n'kubwerera. Amangosiya kukuimbira. Ndipo anthu a ntchito ino ndi ochepa, amadyera m'mbale imodzi. Wojambula mawu uja mawa ali kwina, mkuja kwinanso, pakamwa pake akuyenda napo.

"Mapanga awiri avumbwitsa, mwana wa mlongo wanga. Sankha limodzi, ulowe."

Anaimirira, anavala chipewa, mwendo unayambanso kukoka. Anapita kukaima kumapeto kwa khonde la chipatala, kumene mlonda ankafunika kuoneka patali, osalankhula kanthu.

5. Mbali yachiwiri

Mayi wa zovala anatambasula dzanja.

"Ukuvula kapena ayi? Ngati ukuvula, fulumira, ndiipinde kuti indikwane."

Mfumukazi anachotsa pini imodzi. Anachotsa yachiwiri. Panja hutala inalira.

Mkati wina anaitana. "Namwino! Namwino ali kuti?"

Hutala inaliranso, motalika.

Mtsikanayo anayang'ana mapini awiri m'dzanja lake. Anawapereka kwa mayiyo natembenuka.

"Bwezeranimoni, mayi."

"Ana inu mudzandipha," anatero mayiyo, nabaya.

Geti linatseguka. Galimoto inatuluka. Geti linatsekeka.

Madamu anali atakhala kale pabenchi, atavala diresi lakutha ndi mpango. Pafupi ankaoneka wamng'ono kuposa pa chikwangwani, ndiponso wotopa. Sanayang'ane namwino.

Anamuimika Mfumukazi pakati pa kamera ndi getsi lalikulu. Malo anali opanikiza. Getsi linkamuwotcha kumsana.

"Watalika," anatero wa kamera. "Phewa likutseka chibwano cha Madamu. Pinda mawondo. Tsikanso. Apo. Usasunthe."

"Tayamba!"

"Mayi, khalani pansi kaye. Tayesetsa. Mwana watisiya."

Madamu anagwira kumaso, anafuula, anagwa pabenchi. Maso ali gwa, ouma.

"Dulani. Tibwereze."

Anabwereza. Madamu anati getsi likumuthobwa. Analisuntha. Anabwereza. Madamu anati wina akutafuna chingamu. Anamutulutsa. Anabwereza. Wopaka nkhope anabwera ndi kabotolo ka mankhwala otulutsa misozi, Madamu anakakankha.

"Ine sindinalirepo ndi botolo."

"Ndiye lirani ndi china, Madamu," anatero dailekitala. "Mafuta a jenereta akutha."

Mawondo a Mfumukazi ankanjenjemera. Thukuta linkatsika m'khosi, pini imodzi inkamubaya m'nthiti. Palibe amene ankaona nkhope yake. Akanatha kungotchula mawuwo ngati wowerengera mazira. Koma nthawi iliyonse ankabwerera kuseri kwa chitseko, pa makatoni ndi ndowa paja, n'kuimapo mpaka ataona kabedi ndi kamwana kofundidwa mpaka kumutu. Akatero ankatuluka.

Ulendo wina, atatuluka, mawu anamukanika. Anaima chabe. Misozi inatsika yokha.

Madamu anadikira mawu. Sanabwere. Anakweza maso mokwiya, ndipo kwa nthawi yoyamba anamuyang'ana mtsikanayo kumaso.

Mkwiyo unachoka. Madamu anaimirira pang'onopang'ono.

"Adona, ali bwanji? Wadzuka?"

"Mayi, khalani pansi kaye."

Madamu sanakhale.

"Tayesetsa. Mwana watisiya."

Sanafuule. Sanagwe. Anayang'ana chitseko, anayang'ana manja ake. Kenaka anafunsa chinthu chomwe sichinali papepala.

"Nsapato zake zili kuti? Anabwera ndi nsapato."

Wa kamera anayang'ana dailekitala. Dailekitala anakweza chala kuti asasiye.

"Ndazisunga, mayi," anatero Mfumukazi motsitsa. "Zonse ziwiri."

Apo Madamu anakhala pansi. Misozi inabwera yopanda phokoso, ndipo sinaleke msanga.

"Dulani," anatero dailekitala patapita nthawi. "Zimitsani magetsi."

Mfumukazi anayesa kuwongoka, mawondo anakana. Anakhala pansi pomwepo, pa mawaya.

Madamu anapukuta kumaso, anafunda shawelo, natuluka. Zikomo sananene.

Dailekitala ndi wa kamera anaweramira kagalasi kowonerapo zomwe ajambula. Mtsikanayo anali pafupi, ndipo anamva zonse.

"Apa sindidulapo," anatero dailekitala. "Kuyambira pa chitseko mpaka pa nsapato, nkhope ya Madamu yokha. Mbali yoyamba ija itayeni."

"Nanga namwino?"

"Phewa likukwanira."

Palibe amene anati abwerenso. Anthu anakulunga mawaya. Mayi wa zovala anatenga yunifomu yake, namulozera matiresi pakona, pakati pa madiresi opachika.

Malume anabwera ndi buledi ndi tiyi.

"Wadya?"

"Nkhope yanga aitaya, malume."

"Ndamva."

"Ndiye ndatsalira chiyani?"

"Idya kaye," anatero malume. "Mawondowo uwapake mafuta, apo ayi mawa atupa."

6. Phewa lilibe nkhope

Kunja kusanayere bwino, foni yake inalira kamodzi. Uthenga wa Wamagalasi. Chithunzi cha mtsikana wina akumwetulira pambali pa bambo wa suti. Pansi pake mawu awiri: Mwaphonya, sisi.

Bwana uja analikodi.

Mfumukazi anapinda bulangete, anatenga chikwama. Pabwalo anthu ankakweza makamera ndi magetsi m'minibasi yoyera. Ankapita kukajambula kwina, kutali. Pageti panaima bambo wometa bwino, wa suti yakuda ndi chikwama chachikopa. Ulendo uno anawazindikira poona makutu awo.

"Lero ndinu ndani, malume?"

"Woweruza milandu. Ku TV, mpaka madzulo. Ndimanga anthu atatu ndisanadye nkhomaliro. Tiye ndikuperekeze kubasi."

Sanalankhule za dzulo. Malume sanapepese, iyenso sanawadandaulire. Anali atafika pa kachitseko pamene mawu anamveka kumbuyo.

"Namwino! Ukupita kuti?"

Anali dailekitala, mswachi uli m'manja.

"Kwathu, bwana."

"Anakuuza ndani kuti upite?"

"Palibe amene anandiuza kuti nditsale."

Dailekitala analavula, anapukuta pakamwa.

"Madamu andidzutsa ndi foni. Akuti kumene tikupitaku kuli zolira zambiri, ndipo salira ndi munthu wowerenga pepala. Akufuna wa dzulo uja. Dzina lako sakulidziwa, angoti wa nsapato."

Mfumukazi anayang'ana malume. Malume ankayang'ana kumwamba ngati woweruza amene mlandu sukumukhudza.

"Ndiye ndikaimenso kuseri kwa kamera?"

"Kuseri, inde. Ndi kutsogolo komwe." Dailekitala anamuloza ndi mswachi. "Pali mtsikana wodwala amene Madamu amutenga kukhala naye mwana wawo atamwalira. Amene ndinamusankha wandithawa. Nkhope yako ikanaoneka dzulo, sindikanakupatsa, chifukwa namwino sangasanduke wodwala mufilimu imodzi. Koma phewa lilibe nkhope. Yako ikadali yatsopano. Kwera, tachedwa."

Malume anamulandira chikwama nachiponya pamwamba pa mawaya.

"Kumeneko ine kulibe," anatero. "Ufike msanga, ulonjere aliyense, ndi wosesa yemwe. Zomwe sukudziwa ufunse. Safunsa anadya phula. Ndipo uwaimbire amayi ako tsopano lino, asanakusungire tepi yoyezera nsalu."

Anakwera. Malo anali amodzi, kumbuyo, pakati pa bokosi la magetsi ndi mayi wa zovala. Minibasi inatuluka pageti. Pawindo anaona suti yakuda ikuwoloka msewu, ndi amayi awiri ogulitsa masamba akukodolana ndi kuloza.

Anaimba foni.

"Amayi, ndine. Andiitananso."

Amayi anangoti, "Wadya?" Netiweki inaduka asanayankhe.

Mayi wa zovala ankafufuza m'thumba lake lalikulu. Anatulutsa ulusi, anabweza. Anatulutsa sopo, anabweza. Kenaka anatulutsa makina ometera, nawapukuta pa siketi. Anayang'ana tsitsi la Mfumukazi, lalitali, lolukidwa bwino mpaka m'mapewa.

"Lokongola," anatero. "Unaliweta zaka zingati?"

"Kuyambira ndili kupulayimale. Bwanji, mayi?"

"Dailekitala sanakuuze?" Anawayatsa, makinawo analira. "Wodwala wathuyu alibe tsitsi."